Kenelm, mwana wa mfumu amene sanafe ali mwana

Mayi ena amene akukhala m'dera la Birmingham andilembera imelo. Ndi oyembekezera, kuchipatala awauza kuti ndi mwana wamwamuna, ndipo dzina limene lawagwira mtima analiona pachikwangwani cha tchalitchi chakale ku Romsley, chotchedwa St Kenelm. Atafufuza pa intaneti apeza mayankho atatu osiyana. Masamba ena akuti Kenelm ndi chisoti cha munthu wolimba mtima, ena akuti ndi chisoti chachifumu, ndipo ena akuti ndi Kenneth yemweyo wangolembedwa mwachikale. Akufuna kudziwa zoona zake, komanso ngati dzinali silidzavuta kumudzi.

Mayi, yankho lachitatulo litayeni lero lomwe. Kenneth si dzina lachingerezi n'komwe. Linachokera ku chiyankhulo cha Gaelic cha ku Scotland, ndipo m'kati mwake muli mayina awiri akale, Cináed ndi Coinneach, amene Angerezi anangowaphatikiza. Mfumu imene mabuku amaitchula kuti Kenneth MacAlpin, yomwe inamwalira mu 858, dzina lake lenileni linali Cináed. Kelvin, amene wadzaza m'makalasi athu, ndi mtsinje wa ku Glasgow, ndipo unatchuka wasayansi William Thomson atatenga dzina la mtsinjewo monga dzina lake laulemu mu 1892. Kennedy ndi dzina la banja la ku Ireland. Palibe chibale pakati pa mayina amenewa ndi Kenelm, angofanana zilembo zoyambirira basi. Achibale enieni a Kenelm muwapeze kumapeto kwa dzinalo: William, amene Ajeremani amamutchulabe kuti Wilhelm, Anselm, ndi Aldhelm, bishopu wa ku Sherborne amene anamwalira mu 709. Onsewa ali ndi helm.

Helm ameneyu alibe mkangano. M'Chingerezi chakale, chimene chinkayankhulidwa Anormani asanalande dzikolo mu 1066, helm chinali chisoti chankhondo, chonga chija timawerenga pa Aefeso 6:17. Koma m'ndakatulo za nthawi imeneyo mawu omwewo ankanenera munthu, mfumu inkatchedwa helm wa anthu ake, kutanthauza mtetezi wawo. Choncho amene amamasulira kuti "chipewa" akunena zoona zosakwanira. M'dzina la munthu, helm ndi chitetezo.

Mkangano uli pa mbali yoyamba. Panali mawu awiri akale oyandikana m'kamvekedwe. Oyamba ndi cene, kutanthauza wolimba mtima, ndipo ndi amene anabala mawu a lero akuti keen. Achiwiri ndi cyne, kutanthauza chachifumu, a banja limodzi ndi cyning, amene lero ndi king. Angerezi akale ankalemba c pamene ankatchula k, ndipo alembi a pambuyo pa 1066 ndi amene anazolowera kuika k patsogolo pa e ndi i. Ndi chifukwa chake Cent anasanduka Kent. Tsono Cenhelm ndi Cynehelm anali mayina awiri osiyana, koma onse akanatha kuthera pa Kenelm, chifukwa y wakaleyo sanasinthe mofanana m'dziko lonse: kumpoto ndi kum'mawa anasanduka i, kumadzulo ankalembedwa u, ku Kent anasanduka e. Mpaka lero mawu akuti bury amalembedwa mwa kumadzulo koma n'kumatchulidwa mwa ku Kent.

Madikishonale ambiri a mayina amasankha cene. Akatswiri a mbiri ya Mercia, ufumu wakale wa pakati pa England, amalemba dzina la Kenelm weniweniyo kuti Cynehelm, potsatira zikalata za nthawi yake. Ine ndili kumbali ya zikalata. Inu dzinali mwalitenga patchalitchi, tchalitchicho chinalitenga kwa woyera mtima ameneyu, ndipo iyeyo anali Cynehelm. Choncho Kenelm wanu ndi "mtetezi wachifumu". Chimene ndikuganiza kuti chinasokoneza zinthu ndi dzina la bambo ake, Coenwulf, limene lilidi ndi cene, nkhandwe yolusa ya kwawoko yolimba mtima. Alembi a Chilatini ankalemba bambo kuti Kenulphus, mwana kuti Kenelmus, ndipo mayina awiriwo akakhala mumzere umodzi aliyense angaganize kuti mutu wake ndi umodzi.

Koma pali china chimene chimandivuta ndi masamba a mayinawa, ndipo ndicho chandichititsa kulemba zambiri chonchi pa funso limene likanatha ndi mizere itatu. Funso lakuti "dzinali limatanthauza chiyani" ndi funso lathu. Kwathu dzina ndi chiganizo chathunthu. Mavuto amanena zimene zinachitika pakhomo, Pilirani akulangiza makolo, Tadala akuthokoza, ndipo pali mayina ena amene agogo amaponyera mwala apongozi kapena mkazi mnzawo. Ukamva dzina umadziwa kuti pali nkhani. Tikapita ndi khutu limeneli ku mayina a Angerezi akale timamva zimene iwo sankanena.

Mayina awo ankamangidwa ndi zidutswa ziwiri zotengedwa m'nkhokwe ya mawu osankhika: ead chuma kapena mwayi, æthel ulemerero wa kubadwa, wulf chilombo chija, wine bwenzi, weard mlonda, mund chitetezo, beorht kuwala, stan mwala, wig nkhondo, frith mtendere. Kulumikiza kwake sikunkafuna kuti pamveke nzeru. Edward ndi ead ndi weard, Edwin ndi ead ndi wine, ndipo amenewa amamasulirika bwino mwangozi chabe. Nanga Wigfrith, nkhondo ndi mtendere pamodzi, timumasulire bwanji? Nanga Wulfstan, chilombo ndi mwala? Wulfstan, bishopu wa ku Worcester amene anamwalira mu 1095, mbiri yake imafotokoza poyera mmene dzinalo linabwerera. Mayi ake anali Wulfgifu, bambo ake anali Æthelstan. Anatenga mutu wa dzina la mayi n'kuulumikiza ku mchira wa dzina la bambo. Panalibe amene ankaganiza za chilombo chamwala.

Chinanso ankakonda n'chakuti mayina a banja limodzi aziyamba mofanana. Mfumu Æthelwulf ya ku Wessex inabereka Æthelstan, Æthelbald, Æthelberht, Æthelred ndi mwana wamkazi Æthelswith, ndipo wotsiriza yekha, Alfred, ndi amene anapatukako pang'ono. Kubanja la Kenelm kunali c yekhayekha: bambo Coenwulf, abale a bambowo Cuthred ndi Ceolwulf, mlongo wake Cwenthryth, iye Cynehelm. Dzina lotere linkagwira ntchito yonga ya mfunda. Munthu akati ndine Phiri sitimufunsa kuti phiri lakelo lili kuti, timangodziwa kuti ndi wa kwa ayani. Masamba amene amakupatsani "tanthauzo" m'mawu awiri okoma, n'kuwonjezera kuti mwana wa dzina limeneli adzakhala wanzeru ndi wokonda anthu, akukugulitsani malonda. Ambiri amangokoperana, ndipo cholakwa cha mmodzi chimafalikira kwa onse.

Kulemera kwa dzinali kuli pa nkhani imene lanyamula, ndipo nkhaniyo muyenera kuidziwa musanalembetse mwana, chifukwa ku England aliyense wolidziwa dzinali amalidziwira pamenepo.

Nthano yake imati Coenwulf, mfumu ya Mercia, atamwalira mu 821 anasiya mwana wa zaka 7 pampando. Mlongo wake wamkulu, Cwenthryth, ankaufuna ufumuwo, ndipo ananyengerera mlezi wa mwanayo, Æscberht, kuti amuphe. Mwanayo analota ali pamwamba pa mtengo wokongola wodzaza nyali, mnzake wapamtima akuudula, iye n'kusanduka kambalame koyera n'kuuluka. Mayi womulera atamva lotolo analira, poti anadziwa tanthauzo lake. Æscberht anapita naye kosaka ku mapiri a Clent, n'kumudula mutu mwanayo akuimba nyimbo yotamanda Mulungu, n'kumukwirira pansi pa mtengo waminga. Mlongo uja analetsa anthu onse kutchula dzina lake. Koma ng'ombe ina yoyera inkapita kukagona pamandapo tsiku lonse osadya, madzulo n'kubwera ndi mkaka wochuluka kuposa zinzake. Kenaka nkhunda inauluka mpaka ku Roma n'kugwetsa kalata paguwa m'tchalitchi cha Petro Woyera, papa ali pomwepo. Kalatayo inali m'Chingerezi, ndipo anachita kufunafuna Mngerezi woti aiwerenge. Inkanena malo enieni amene mwana wa mfumu anagona wopanda mutu. Atafukula mtembo, pamalopo panatumphuka kasupe.

Mbali imene imandiseketsa ndi ya kulimbirana maliro. Anthu a ku Worcestershire ankati mtembo ndi wawo poti unapezeka kwawo, a ku Gloucestershire ankati ndi wawo poti nyumba ya amonke ya banjalo inali ku Winchcombe. Anagwirizana kuti onse agone, amene ayambe kudzuka atenge. A ku Gloucestershire anadzuka msanga n'kuthawa nawo. Pofika ku Winchcombe, Cwenthryth anaima pawindo akuwerenga Salimo la matemberero chobwerera m'mbuyo kuti alodze gululo, ndipo maso ake onse awiri anagwera pabukulo.

Nkhani yokoma, koma zikalata zikukana. Cynehelm anasaina monga mboni pa zikalata za malo kuyambira 803 mpaka 811, ali ndi udindo wa nduna yaikulu. Munthu amene ankachitira umboni mu 803 sangakhale wa zaka 7 mu 821. Pambuyo pa 811 dzina lake silionekanso, zomwe zikusonyeza kuti anamwalira bambo ake akadali moyo, ali munthu wamkulu ndithu. Coenwulf, amene analamulira kuyambira 796, atamwalira ufumu unapita kwa m'bale wake Ceolwulf, osati kwa mwana aliyense. Cwenthryth naye sanakhalepo mfumukazi. Anali mkulu wa nyumba ya masisitere ku Minster-in-Thanet, ku Kent, ndipo chimene amadziwika nacho m'zikalata ndi mlandu wa malo umene anakokana nawo ndi Wulfred, bishopu wamkulu wa ku Canterbury, mlandu umene unakambidwa pamsonkhano wa ku Clofesho mu 825. Mayi ameneyu anamusemera chinyau atamwalira kalekale. Mbiri yolembedwa ya Kenelm woyera inatuluka m'zaka za pakati pa m'ma 1000, patapita zaka zoposa 200, ndipo amene inawapindulira ndi amonke a ku Winchcombe, amene ankasunga mafupawo. Wofera chikhulupiriro wamng'ono, wosalakwa, wophedwa ndi m'bale wake, amakoka alendo ambiri kuposa nduna imene inangomwalira. Zinathekadi. William wa ku Malmesbury, wolemba mbiri wa m'zaka za m'ma 1100, ananena kuti pa tsiku la Kenelm, 17 July, ku Winchcombe kunkasonkhana khamu losaoneka kwina kulikonse mu England. Geoffrey Chaucer, amene anamwalira mu 1400, anaika loto la Kenelm m'kamwa mwa tambala wa m'nthano yake ina, monga umboni wakuti maloto sayenera kunyozedwa, ndipo sanafunike kufotokoza zambiri poti omvera ake ankaidziwa kale nkhaniyo.

Sindikunena izi kuti ndikugwetseni ulesi. Pali makolo amene safuna dzina la mwana wophedwa, ndipo kwathu zoterezi timaziganizira. Kwa iwo zikalatazi ndi nkhani yabwino: kuphedwa kwa kamwanako sikunachitike. Pali enanso amene akufuna woyera mtima wa pa kalendala ya mpingo, ndipo Kenelm alipo, tsiku lake lilipo, matchalitchi ake alipo, monga cha ku Romsley chija ndi cha ku Minster Lovell ku Oxfordshire. Mukapitanso ku Romsley tsikirani kuseri kwa tchalitchi, kasupe uja akadalipo. Nyumba ya amonke ya ku Winchcombe inathetsedwa mu 1539 pa nthawi ya Henry VIII, koma m'tchalitchi cha St Peter m'tauniyo muli mabokosi awiri amiyala amene anafukulidwa pamalo a nyumbayo mu 1815, ndipo anthu amati ndi a bambo ndi mwana wake.

Mmene dzinali linapulumukira

Pambuyo pa 1066 mayina achingerezi anayamba kutha mofulumira. Olamulira atsopano anali a William, Robert, Richard ndi Henry, ndipo anthu wamba anatengera, kufikira kuti pofika m'ma 1200 mayina akale ambiri anali atazimirira. Edward ndi Edmund anapulumuka chifukwa Henry III anawapereka kwa ana ake, wina wobadwa mu 1239, wina mu 1245. Ena anapulumukira pa oyera mtima, ndipo Kenelm ali m'gulu limeneli, ngakhale kuti ankangopezeka mwa apo ndi apo.

Banja limene linaligwiritsitsa ndi la Digby. Wotchuka kwambiri ndi Sir Kenelm Digby, wobadwa mu 1603. Bambo ake, Everard, ananyongedwa mu 1606 chifukwa cha chiwembu chofuna kuphulitsa nyumba ya malamulo ndi onga, mwanayo asanakwanitse zaka zitatu. Anakula n'kuchita pafupifupi chilichonse: mu 1628 anatsogolera zombo zolanda katundu panyanja ya Mediterranean, anali m'gulu la oyambitsa Royal Society, bungwe la asayansi, ndipo amatchulidwa kuti ndi amene anayambitsa botolo la vinyo lolimba, lagalasi lochindikala lakuda, lopangidwa m'ng'anjo ya malasha yotentha kwambiri. Ankakhulupiriranso mankhwala ena a ufa amene ankati amapoletsa bala ukawapaka pa nsalu ya magazi a wovulalayo, osati pabalapo. Anamwalira mu 1665. Wina ndi Kenelm Lee Guinness, wa banja lofulula mowa lija, woyendetsa magalimoto a mpikisano. Mapulagi a nthawi yake ankapsa injini ikatentha, iye n'kupanga ake otchinjiriza ndi mwala wa mica, ndipo anawatcha zilembo za dzina lake, KLG. Mu 1922 pabwalo la Brooklands anathamanga mamailosi 133.75 pa ola, pafupifupi makilomita 215, liwiro limene linavomerezedwa kukhala loposa la magalimoto onse padziko pa nthawiyo. Amakaniko akale amene anagwirapo mapulagi a KLG anagwira dzina la Kenelm osadziwa.

M'zaka za m'ma 1800 Angerezi anayambanso kukumba mayina a makolo awo, makamaka a mpingo wa Anglican amene ankakonda oyera mtima akale. Alfred, Edwin, Wilfred, Oswald, Cuthbert ndi Dunstan anabwerera. Nthawi yomweyo ndi imene amishoni a mpingo wa Anglican otchedwa UMCA anafika ku Magomero mu 1861 ndi kukhazikika pa Likoma mu 1885, ndipo mayina a ubatizo a mtundu umenewu anawoloka nawo. Lero ku England mwana wotchedwa Cuthbert kapena Oswald ndi wosowa, koma ku Malawi, Zambia ndi Zimbabwe mayinawa sadabwitsa munthu. Ndiye amene angakuuzeni kumudzi kuti Kenelm ndi dzina lachilendo kwambiri, muwakumbutse kuti a Dunstan ndi a Wilfred a m'mudzi momwemo ali ndi mayina a mtundu umodzi, a zaka zofanana. Kenelm anangotsala pamene anzake ankakwera sitima.

Tsopano funso lanu lomaliza, ngati lidzavute. Lidzavuta pa kalembedwe, osati pa china. Angerezi amalitchula m'maphatikizo awiri, mphamvu ili pa Ken, ndipo l ndi m amathera pamodzi popanda kanthu pakati. Lilime lathu silitseka mawu chotero, choncho agogo adzati Kenelemu kapena Kenerimu, ndipo palibe cholakwika pamenepo. Vuto limabwera wolemba akalemba zimene wamva: Kenelem, Kenerm, Kenelmu, kapena kungoganiza kuti mwalakwitsa n'kukukonzerani kukhala Kenneth. Choopsa kwambiri ndi n wachiwiri. Kennelm ali ndi mawu achingerezi a khola la agalu m'kati mwake, ndipo ana a sukulu za ku England sachedwa kutola zotere. Zilembo ndi 6, n mmodzi: K, E, N, E, L, M.

Ku England ndi Wales mwana amalembetsedwa pasanathe masiku 42 chibadwire. Wolembetsa amakupatsani kuti muwerenge musanasaine, ndipo muwerenge chilembo chimodzichimodzi, chifukwa kukonza pambuyo pake kumafuna fomu ndi ndalama. Mukasintha maganizo, dzina loyamba limatha kusinthidwa pasanathe miyezi 12 kuchokera tsiku lolembetsa. Mukafuna kuona kusowa kwake, tsitsani mndandanda wa mayina a makanda umene ofesi ya boma ya ziwerengero, Office for National Statistics, imatulutsa chaka ndi chaka. Mayina opatsidwa kwa ana osakwana atatu saikidwamo, choncho mukapanda kulipeza m'chaka china, chifukwa chake n'chimenecho. Pa zikalata za kumudzi, kaya ku National Registration Bureau, kusukulu kapena pa pasipoti, lembani nokha fomuyo m'zilembo zikuluzikulu ndipo muzipita ndi kope la chikalata cha kubadwa, osadalira kutchula pakamwa. Muikeninso dzina lachiwiri lakwathu, lolembedwa pa chikalata chomwecho osati longoitanira pakhomo. Ngati mukufuna logwirizana ndi cene uja, Limbani akukwanira, ndipo mwanayo akadzatopa ndi kufotokozera anthu kalembedwe adzakhala ndi Ken ndi Limbani oti asankhepo.